Lekani kuuza ana kuti aiwale kamera

Ndakhala chete kwa kanthawi chifukwa cha kuchonga mayeso, koma nkhani ya lero yandikhala pakhosi kwa masabata atatu, ndipo ndaona kuti ndikapanda kuilavula inditsamwa.

Mwezi wathawu gulu lathu la zisudzo pasukulu pano linakonza kasewero ka mphindi 10 kokamba za mtsikana amene akuganiza zosiya sukulu. Mnzanga amene timathandizana kuyang'anira gululi anati tikajambule pa foni yake kuti tidzaonetse makolo pa tsiku la msonkhano. Tinakankhira madesiki kukhoma, ana anaima kutsogolo, iye n'kukaima kumbuyo kwa kalasi foni ili m'manja, akufuula kuti, "Iwalani kamera! Muzichita ngati kulibe!" Mawu amenewa anawabwereza mwina kasanu. Mtsikana amene ankatenga mbali ya mayi, mwana wa Fomu 3 wofatsa koma wanzeru kwabasi, anafika potopa n'kufunsa mwaulemu kuti, "Pepani aphunzitsi, nanga ndiiwala bwanji pomwe ikundiyang'ana?" Anzake anaseka, mnzangayo anamuuza kuti asiye makani, sewero linapitirira. Titaonera zimene zinatuluka tinangoona timitu kutali uko, mawu osamveka, ndi nsana wa mpando. Ana amene pabwalo amagwetsa anthu misozi anaoneka ngati zitsa.

Mawa lake pa nthawi ya buleki ndinanena m'chipinda cha aphunzitsi kuti mwana uja ndiye ankanena zoona, ndipo ndinatsegula laputopu kuti ndionetse anzanga mafilimu atatu afupiafupi amene ndimawakonda. Mphunzitsi wina wamkulu kwa ine, amene ndimamupatsa ulemu wonse, anaonera kwa mphindi imodzi n'kunena kuti, "Achimwene, iyi ndi misala ya azungu okhuta. Filimu ndi sewero lojambulidwa, basi." Ena anavomereza ndi mitu. Belu linalira ndisanayankhe. Tsono ndiyankhira pano.

Mfundo yanga ndi imodzi. Munthu akaloza mnzake ndi kamera, pamakhala anthu awiri pa ntchito, woima kutsogolo ndi wogwira kamerayo, ndipo chimene timaonera pambuyo pake ndi zomwe zinachitika pakati pa awiriwo. Ubale umenewu ukhoza kukhala wothandizana, ukhoza kukhala wodyerana masuku pamutu, ukhozanso kukhala wa nkhanza zenizeni. Kuuza mwana kuti aiwale kamera n'kumuuza kuti atseke maso pa ubale umene iye mwini alimo. Ndipo malo abwino ophunzirira zimenezi ndi mafilimu omwewo amene anatchedwa misala aja: afupi, a mphindi 3 mpaka 20, opangidwa ndi anthu ochepa, ambiri opanda mawu, opanda nkhani ya padangotero. Poti nkhani mulibe, chimene chimatsala poyera ndi munthu ndi kamera basi.

Ndiyambe ndi mayi wina dzina lake Maya Deren. Anabadwira ku Kyiv mu 1917, makolo ake anasamukira ku America iye ali ndi zaka 5, ndipo asanayambe za mafilimu anagwirapo ntchito ya ulembi m'gulu la magule la Katherine Dunham, mayi wakuda amene anatchuka kwambiri pa zovina. Mu 1945 Deren anapanga filimu yotchedwa A Study in Choreography for Camera. Siipitirira mphindi 4, ilibe mawu, ilibe nyimbo, ndipo muli munthu mmodzi yekha, Talley Beatty, mnyamata wakuda amene ankavina m'gulu la Dunham lija. Imayamba kamera ikuzungulira pang'onopang'ono m'nkhalango. Imamupeza Beatty ali patali pakati pa mitengo, n'kumupitirira. Isanamalize kuzungulira imamupezanso, tsopano ali chapafupi, n'kumupezanso, mpaka kanayi. Palibe munthu angathamange chotero. Chinkachitika n'chakuti kamera ankaiimitsa, Beatty n'kusuntha, kenako n'kuiyambitsanso pomwe inalekezera. Pambuyo pake amakweza mwendo ali m'nkhalango momwemo, koma phazi likamatsika limaponda pansi m'chipinda cha nyumba. Posakhalitsa ali m'holo yaikulu ya Metropolitan Museum ku New York pakati pa zinthu zamakedzana za ku Egypt. Kumapeto amadumpha, ndipo amakhala m'malere nthawi yaitali kuposa mmene thupi la munthu lingathere, chifukwa Deren analumikiza tizidutswa tingapo ta filimu kuti tikhale kudumpha kumodzi.

Tsono ndikufunseni, achimwene: akuvina apa ndani? Beatty payekha sangakweze mwendo kunkhalango n'kuutsitsira m'nyumba. Deren payekha ali ndi mitengo ndi khoma. Kuti phazi lija likumane ndi mwendo wake, Beatty anayenera kudziwa pomwe kamera yaima, kumene maso ake amathera, ndi liwiro lomwe anatsitsira mwendo ulendo woyamba kuti adzabwereze lomwelo kumalo ena. Akanati aiwale kamera, gule yense akanathyoka pakati. Deren mwini ananena kuti gule ameneyu sangavinidwe kwina kulikonse koma mufilimu momwemu. Ife amene tinakulira pafupi ndi bwalo sitifunika kufotokozeredwa zambiri. Woimba mbalule maso ake amakhala pa miyendo ya wovina, wovina makutu ake amakhala pa ng'oma. Kodi munamvapo munthu wamkulu akuuza wovina kuti, "Iwala ng'oma, uzivina ngati kulibe"? Angamuseke mudzi wonse.

Zaka ziwiri m'mbuyo mwake, mu 1943, Deren yemweyu anali atapanga filimu ina ya mphindi 14, Meshes of the Afternoon, pamodzi ndi mwamuna wake Alexander Hammid, m'nyumba yomwe ankakhala ku Los Angeles, ndi ndalama pafupifupi madola 275. M'menemo Deren ndiye anaima kutsogolo kwa kamera. Pali pena pamene amayenda ndi mpeni m'manja kulunjika kwa mkazi amene wakhala pampando, yemwe ndi iye mwini. Timangoona mapazi: phazi loyamba likuponda mchenga wa kunyanja, lina udzu, lina msewu, lina kapeti ya m'nyumba. Ulendo wa mamita awiri ukuoneka ngati wachokera kumalekezero a dziko. Aliyense amene anayendapo kupita kukanena mawu ovuta kwa munthu amene ali chipinda chomwecho akudziwa kuti mtunda wake umatalika choncho. Mu 2022 magazini ya ku Britain ya Sight and Sound itafunsa akatswiri a mafilimu a m'maiko ambiri kuti asankhe mafilimu opambana onse chiyambire, kafilimu ka madola 275 aka kanakhala pa nambala 16. Ngati ndi misala, ndiye kuti amisala achuluka.

Uwo ndi ubale wabwino, pomwe kamera ndi mnzako wovina naye. Tsopano tione wina wokayikitsa. Pakati pa 1964 ndi 1966, mmisiri wa zithunzi Andy Warhol anajambula mafilimu 472 amene amatchedwa Screen Tests, m'nyumba yake yogwirira ntchito ku New York. Kachitidwe kake kanali kophweka. Mlendo akabwera ankamukhazika pampando, n'kumuunika ndi nyali, n'kuimika kamera patsogolo pake yokhala ndi mpukutu wa filimu wa mamita 30, umene umatha pasanakwane mphindi 3. Lamulo linali lakuti akhale phee, ndipo ena ankauzidwa kuti ayesetse kusaphethira. Nthawi zambiri Warhol ankayatsa kamera n'kuchokapo, munthu n'kutsala yekha ndi chitsulo chikumuyang'ana. Pojambula ankathamangitsa zithunzi 24 pa sekondi, koma poonetsa ankazitsitsa kufika pa 16, moti mphindi 3 zija zimakhala pafupifupi 4, ndipo kugwedezeka kulikonse kwa mlomo kumaoneka. Anakhalapo pampandowo anthu otchuka ngati Bob Dylan, Salvador Dalí ndi Susan Sontag, komanso anthu wamba ambiri.

Palibe amene anakwanitsa kuiwala kamera. Ena ankaseka, ena ankasuta fodya, woimba Lou Reed anadzibisa kuseri kwa magalasi akuda ndi botolo la Coca-Cola, mayi wina dzina lake Jane Holzer anatsuka mano. Aliyense anapeza kochingira nkhope. Koma mtsikana wina, Ann Buchanan, mu 1964 anatsata lamulo lija ndendende. Sanagwedezeke, sanaphethire. Maso anayamba kudzaza madzi, kenako misozi inatsika m'masaya, nkhope ili chimodzimodzi ngati chithunzi cha pa chiphaso. Palibe sewero limene ankachita, palibe amene anamuuza nkhani yachisoni. Misozi imeneyo inatuluka chifukwa cha mpikisano wa pakati pa diso la munthu limene limafuna kuphethira ndi diso la kamera limene siliphethira. Woonera wothamanga amati palibe chikuchitika. Paja akulu anati kuona maso a nkhono n'kudekha.

Komatu musaganize kuti ndikumuyamikira Warhol ndi mtima wonse. Chaka chomwecho cha 1964 anapanga chithunzi chachikulu pa chionetsero cha maiko onse ku New York pogwiritsa ntchito zithunzi za apolisi za amuna 13 amene ankafunidwa pa milandu, ndipo akuluakulu analamula kuti chichotsedwe. Mafilimu ake aja ali ndi fungo lomwelo la ku polisi: khala apa, usasunthe, yang'ana kuno. Anthu ankapereka nkhope zawo, mantha awo, misozi yawo, koma dzina limene linatsala pa ntchitoyo ndi la munthu amene anayatsa kamera n'kupita kukacheza. Deren ankavina ndi munthu wake. Warhol ankatchera msampha n'kudikira. Ndikufuna ana athu adziwe kusiyana kumeneku, chifukwa m'moyo wawo adzakumana ndi a Warhol ambiri kuposa a Deren.

Filimu yachitatu ndi imene mphunzitsi wamkulu uja anaonera kwa mphindi imodzi. Dzina lake ndi Film, basi. Anailemba ndi Samuel Beckett, mlembi wa ku Ireland amene aphunzitsi a Chingerezi mukumudziwa chifukwa cha sewero la Waiting for Godot, yemwe analandira mphoto ya Nobel mu 1969. Inajambulidwa ku New York mu 1964, wotsogolera anali Alan Schneider, wogwira kamera Boris Kaufman, ndipo inaonetsedwa ku Venice mu 1965. Wosewera wake anali Buster Keaton, katswiri wa nthabwala wa nthawi ya mafilimu opanda mawu, amene dziko lonse linkamudziwa chifukwa cha nkhope yake yosaseka. Apa n'kuti ali ndi zaka 68. Taganizani: alemba ntchito munthu amene chuma chake chonse ndi nkhope, kenako n'kumujambula kumsana pafupifupi filimu yonse ya mphindi ngati 20.

Zinali dala. Beckett anakonza kuti m'filimuyi mukhale osewera awiri, munthu ndi kamera, ndipo kamerayo ikumusaka. Anaikanso lamulo limene aphunzitsi a masamu angalikonde: kamera ikakhala kumbuyo kwa munthuyo osapitirira madigiri 45, iye sadziwa kuti akuonedwa. Ikangopitirira malire amenewo, amanjenjemera n'kubisa nkhope, kamera n'kubwerera msanga. Keaton amathamanga mokhukhuza khoma, n'kukwera masitepe, n'kudzitsekera m'chipinda. M'menemo amayamba kuchotsa chilichonse chokhala ndi maso. Amatseka katani, amaphimba kalilole, amatulutsa mphaka ndi galu, amang'amba chithunzi cha pakhoma cha nkhope ya maso aakulu, amavundikira chinkhwe m'khola lake ndi nsomba ya mumtsuko wagalasi. Kenako amakhala pampando wogwedezeka, n'kung'amba zithunzi za moyo wake chimodzichimodzi. Atayamba kusinza, kamera imazungulira mwakachetechete n'kuima patsogolo pake. Apa ndi pomwe timaona nkhope yake, diso limodzi lophimbidwa ndi kansalu kakuda, ndipo amene wakhala akumusaka uja ndi iye mwini. Beckett ankasewera ndi maganizo a bishopu wina wa kwawo wa m'zaka za m'ma 1700, George Berkeley, onena kuti chinthu chimakhalapo chifukwa chikuonedwa. Koma simufunika Berkeley kuti mumve filimuyi. Mungofunika kukumbukira tsiku limene munalakalaka nthaka itakumezani kuti anthu asakuoneni.

Ndafika tsopano pa chimene chandilembetsa zonsezi. Chaka chatha, m'gulu lina la aphunzitsi la pa WhatsApp, munthu wina anatumiza kavidiyo. Mwana wa Fomu 1 waimitsidwa kutsogolo kwa kalasi kuti awerenge ndime ya Chingerezi, akulephera, akuchita chibwibwi, ndipo kuseri kwa foni kukumveka kuseka kwa munthu wamkulu. Foni ikayandikira, mwana amakweza kope kuphimba nkhope. Foni imazungulira kumbali, mwana amatembenuka. Imazunguliranso. Pansi pake aphunzitsi anzanga anaika tinkhope toseka, wina n'kulemba kuti maphunziro alowa pansi. Ine ndinaona Buster Keaton. Ndinaona madigiri 45 akuphwanyidwa ndi munthu amene amalandira malipiro kuti ateteze mwanayo. Nditalankhula, yankho linali lakuti, "Aa, tangojambula zomwe zinachitika." Bodza. Mwana uja akanawerenga bwinoko foni ikanakhala m'thumba. Theka la chibwibwi chija anachipanga ndi wojambulayo. Munthu amene amakhulupirira kuti kamera ndi mboni chabe amajambula nkhanza zake zomwe, n'kumadzitcha mtolankhani.

Sizithera pamenepo. Alendo akabwera ndi mabuku kapena mipira, timasonkhanitsa ana kuti aimbe, kamera zikuyenda pakati pawo, ife tikunong'oneza kuti, "Musaiyang'ane, muzichita ngati kulibe." Palibe amene amafunsa ana ngati akufuna, palibe amene amawauza kumene nkhope zawo zikupita. Pamaliro foni imafika pamphuno pa namfedwa. Pangozi ya pamsewu anthu amayamba kujambula asananyamule wovulala. Ndipo inu aphunzitsi amene munaseka tsiku lija, dziwani kuti ngakhale malamulo a sukulu zambiri amaletsa mafoni, ana ali nawo, ndipo tsiku limene mudzapsa mtima m'kalasi kapena kuterereka m'matope pamsonkhano wa m'mawa, diso lija lidzakhala pa inu. Chaona mnzako chapita, mawa chili pa iwe.

Ndikudziwa zimene munene, chifukwa zina mwanena kale. Choyamba, muti zimenezi mulibe m'silabasi ndipo sizibwera pa mayeso a MSCE. N'zoona. Gulu la zisudzo nalonso silibwera pa mayeso, koma timalisunga chifukwa tikudziwa chimene limachita mwa mwana. Ine ndinaona TVM ikuyamba mu 1999, ndipo ndisanafike zaka 20 ndinajambulidwa mwina kakhumi kokha, ndi wojambula wa panjinga amene tinkamudikira milungu iwiri kuti abweretse zithunzi. Mwana wa lero amajambulidwa kakhumi pa sabata imodzi, ndipo ena amadzijambula okha tsiku ndi tsiku pa TikTok. Timamuphunzitsa kulemba kalata yofunsira ntchito imene adzalemba mwina kasanu moyo wake wonse, koma za diso limene likumutsata tsiku lililonse timangoti aliiwale.

Chachiwiri, muti m'mafilimu enieni, a nkhani, osewera sayang'ana kamera. N'zoonanso, ndipo mwambo umenewo uli ndi ntchito yake. Koma kusayang'ana kamera ndi kuiwala kamera ndi zinthu ziwiri zosiyana. Wosewera wa mufilimu ya Shemu Joyah, kaya Seasons of a Life ya 2008 kaya The Last Fishing Boat ya 2012, sayang'ana kamera, koma amadziwa pomwe ili, amadziwa ngati ikuona thupi lonse kapena maso okha, ndipo amachepetsa kapena kukuza machitidwe ake molingana ndi zimenezo. Pabwalo mwana amafuula ndi kutambasula manja kuti wa kumbuyo amve. Kamera ikakhala pafupi, kungomeza malovu kumakwanira. Mkamwini sayang'anitsitsa apongozi m'maso, koma ndani anganene kuti wawaiwala? Kakhalidwe kake konse, kuyambira pokhala mpaka potsokomola, kamasonyeza kuti akudziwa pomwe akhala.

Chachitatu, muti ndi za azungu. Apa ndibwerere kwa Maya Deren. Kuyambira mu 1947 anapita ku Haiti maulendo angapo kukajambula magule a chipembedzo cha makolo cha kumeneko, chimene mizu yake ili kuno ku Africa. Cholinga chake chinali chodula ndi kulumikiza magulewo monga anachitira ndi Talley Beatty. Atakhala pakati pa anthuwo anazindikira kuti magule amenewa sangadulidwe pa mwambo wake n'kukhalabe oona. Filimuyo sanaimalize. M'malo mwake analemba buku, Divine Horsemen, limene linatuluka mu 1953, ndipo zomwe anajambulazo anazilumikiza ndi anthu ena iye atamwalira kale mu 1961. Mayi amene ankadziwa mphamvu ya kamera kuposa anthu ambiri anadziwanso pomwe kamera iyenera kugwada. Tsono taganizani za Gule Wamkulu, amene bungwe la UNESCO linamulemekeza mu 2005, mmene amajambulidwira lero ndi aliyense wodutsa, n'kuikidwa pa intaneti ndi nyimbo za kubala. Funso la Deren ndi lathu kuposa la azungu. Ife ndi amene takhala kutsogolo kwa makamera a anthu ena kwa zaka zoposa 100, kuyambira nthawi ya amishonale ndi atsamunda, ndipo kawirikawiri sitinafunsidwe.

Chachinayi, muti mafilimu oterewa ndi otopetsa. Ambiri ndi otopetsadi, ndipo ena ndi zinyalala zenizeni zopangidwa ndi anthu ofuna kuoneka anzeru. Ndaonerapo ena n'kugona. Koma ndachonganso ndakatulo zoipa zambirimbiri, ndipo sindinanenepo kuti tisiye kuphunzitsa ndakatulo. Sindikupempha kuti muwakonde onse. Ndatchula atatu kapena anayi, onse pamodzi sakwana ola limodzi, nthawi yochepa kuposa imene timataya pa msonkhano wokambirana za ndalama za tiyi.

Chomaliza, muti tilibe zipangizo. Foni imene munajambulira mwana wa Fomu 1 uja ili ndi mphamvu kuposa kamera imene Deren anagwiritsa ntchito, yomwe inkafuna kupukusa ndi dzanja ndipo filimu yake inali yogula. Mu 1952 Norman McLaren wa ku Canada anapanga filimu ya mphindi 8, Neighbours, ya amuna awiri oyandikana nyumba amene akumenyana mpaka kuphana chifukwa cha duwa limodzi lomera pamalire. Anawajambula chithunzi chimodzichimodzi ngati zidole. Pena ankawauza kuti adumphe, iye n'kujambula ali m'mwamba mokha, mobwerezabwereza, moti poonera amaoneka ngati akuuluka pamwamba pa udzu. Filimuyi inapata mphoto ya Oscar mu 1953. Palibe chimene McLaren anachita chimene ana a Fomu 2 sangachite pabwalo la mpira ndi foni imodzi. Ndipo nkhani ya anthu ophana chifukwa cha malire sifunika kumasulira kuno kwathu.

Nazi zimene ndayamba kuchita ndi gulu lathu, ndipo amene mukufuna mutengere. Sabata yoyamba tinaonera filimu ya Deren ndi Beatty kawiri, kenako ana awiriawiri anapanga zawo: kukweza phazi m'kalasi, kulitsitsira kumunda wa sukulu. Anazindikira okha kuti wojambula ndi wojambulidwa akapanda kumvana, phazi silikumana. Sabata yachiwiri amene anafuna okha anakhala pampando kwa mphindi 3 foni ikuwayang'ana, titagwirizana kuti aliyense adzaonera yake yekha, ndipo akafuna tidzaifufuta iye akuona. Mnyamata amene amaseketsa kalasi yonse anapirira masekondi 40, kenako nkhope inagwa, ndipo anatuluka osalankhula. Mawa lake anandiuza kuti, "Aphunzitsi, chinthu chija chimavula munthu." Sindikanatha kumuphunzitsa zimenezo pa bolodi. Sabata yachitatu tinasinthana: amene anajambulidwa ndiye ankagwira foni, ndipo lamulo linali lakuti asanayatse afunse mnzake kuti, "Ndiime pati? Ndifike pafupi bwanji? Tikamaliza, adzaonera ndani?" Mafunso atatu amenewa ndi amene ndikufuna mwana aliyense atuluke nawo pasukulu pano, kaya adzakhala mbali iti ya kamera.

Sewero lija tinalijambulanso. Maganizo anachokera kwa mtsikana wa Fomu 3 yemwe uja. Anati foni iikidwe pampasa, pamalo pomwe pakanakhala mwana wofuna kusiya sukuluyo, ndipo iye monga mayi azilankhula nayo. Sanafuule. Anakhala pansi n'kumasankha nyemba m'lichero, akulankhula motsitsa, ndipo anakweza maso kuyang'ana kamera kamodzi kokha, pa mawu omaliza. Pa tsiku la makolo holo inakhala chete pamenepo, ndipo mayi wina wa kutsogolo anayang'ana kumbali. Mnzanga wa foni uja anati mawu sankamveka bwino chifukwa cha mphepo, ndipo akunena zoona, tiyenera kupeza njira. Mphunzitsi wamkulu uja sanasinthe maganizo. Akuti sewero lachiwirilo linali bwino chifukwa ana anali atazolowera, osati chifukwa cha azungu anga.

Mwina. Koma amene munaika tinkhope toseka pansi pa kavidiyo ka mwana wa Fomu 1, pezani filimu ya Beckett, ili pa intaneti, muionere mpaka kumapeto, kenako mukaonerenso kavidiyo kaja ngati mukadali nako. Inu ana anga akale amene lero mukujambula maukwati, nyimbo ndi nkhani, ndikudziwa kuti ena mwa inu ndinakuuzanipo ine ndemwe kuti muiwale kamera. Ndinalakwa, pepani. Ndipo inu achimwene, kuno kulibe belu. Ndikudikira yankho lanu.